Shire ndi mtsinje waukulu, nanga mzinda wake uli kuti?

Mwana wa ku Bangula

Akuluakulu, ndithandizeni nzeru. Kwina konse mtsinje waukulu umakhala ndi mzinda wake m'mphepete. Zambezi ali ndi Tete, Congo ali ndi Kinshasa ndi Brazzaville, Nile ali ndi Khartoum ndi Cairo. Ife kuno tili ndi Shire, mtsinje wokhawo wotuluka m'nyanja ya Malawi, ndipo azungu oyamba analowera momwemu. Koma yendani kuchokera pa Thabwa mpaka ku Marka, simupeza malo oti munganene kuti uwu ndiye mzinda. Kalembera wa 2018 anapeza anthu pafupifupi 27,000 pa Nsanje boma, pamene Blantyre, amene mtsinje wake ndi Mudi woti m'chilimwe mwana n'kuwoloka osavula nsapato, anali ndi anthu 800,000. Ku Chiromo kumene agogo amati kunali doko ndi masitolo, lero kwatsala dzina.

Chinalakwika n'chiyani? Ndi ndale, ndi kutentha, kapena ndi mmene dziko lenilenilo linakhalira? Funso lachiwiri ndi la ife ofuna kugula malo: pa matauni athuwa ndi ati amene nthaka ikuwalola kukula, ndipo munthu angadziwe bwanji kuti puloti iyi madzi adzaipeza?

Mkulu wa kwa Chibisa

Achimwene, ndale zilipo, koma yambani mwaona kaye mmene mtsinjewo umatsikira. Shire amatuluka m'nyanja ku Mangochi ali pa mamita pafupifupi 474 pamwamba pa nyanja yamchere. Amayenda mwaulesi kudutsa Malombe ndi Liwonde, kenaka cha ku Matope amayamba kugwa: Kholombidzo, Nkula, Tedzani, Mpatamanga, Kapichira. Pa mtunda wa makilomita pafupifupi 80 amatsika mamita oposa 350. Akafika kunsi kwa Kapichira mphamvu zamuthera, wayamba kukwawa ndi kukhotakhota, mpaka pamalire ndi Mozambique kumusi kwa Nsanje, pamene pali mamita 37 okha, malo otsikitsitsa m'Malawi muno. Mbiri ya matauni athu yagona pa zinthu ziwiri basi: mathithi amenewo, ndi kuya kwa madzi kumusi kwake.

David Livingstone atakwera Shire mu 1859 ndi sitima yake ya Ma Robert, anafika cha kwa Chibisa, pafupi ndi pamene pali Chikwawa boma lero, mathithi n'kumutsekera njira. Onse omutsatira anaimanso chapomwepo. Mu 1875 amishoni a Livingstonia anachita kumasula sitima ya Ilala zidutswazidutswa, anthu mazanamazana n'kuisenza pamutu kulambalala mathithi, kukaimanganso kumtunda. Tsono tauni ya pamtsinje imabadwa pamalo otere, pamene katundu amatsika m'ngalawa n'kukwera pamutu pa munthu. Pamafunika nyumba yosungira katundu, alonda, ogulitsa chakudya, amtengatenga odikira ulendo. Amakololo amene anabwera ndi Livingstone n'kutsalira kuno, a Kasisi, a Katunga, a Maseya, a Mlauli ndi a Chipatula, anaziona msanga zimenezi ndipo anakhazikika m'mphepete mwa mtsinje momwe ngalawa zimaima. Kampani ya African Lakes, ija tinazolowera kuti Mandala, itayamba mu 1878, kwa Katunga kunasanduka doko la Blantyre.

Nanga bwanji kwa Katunga sikunakule? Chifukwa eni ndalamawo sanafune kugonako. Bishopu Mackenzie anafera pa mathiriro a Ruo mu January 1862, anzake ena anaikidwa kwa Chibisa chaka chotsatira, malungo ndi kutentha zitawasautsa. Amishoni a ku Scotland pofika mu 1876 anali ataphunzira, anakwera chitunda n'kukamanga Blantyre pamwamba, pa mamita oposa 1,000, kozizira. Tchalitchi, sukulu, chipatala, masitolo akuluakulu, minda ya khofi, zonse zinapita kumtunda. Chigwa chinatsala ngati chipata.

Choipa kwambiri n'chakuti chipatacho sichinakhale malo amodzi. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1800 nyanja inayamba kutsika, Shire naye n'kumaphwa, ndipo m'chilimwe sitima zinkatitimira pamchenga zisanafike kwa Katunga. Doko linasamukira ku Chiromo, pamene Ruo amawonjezera madzi. Panagwanso mwayi wina: Angerezi ndi Apwitikizi atakangana mu 1889 ndi 1890, pangano la 1891 linaika malire pa Ruo ndi pa Shire kumusi kwake, choncho Chiromo anakhala polowera m'dziko, pokhomera msonkho wa katundu. Njanji ya Shire Highlands inakonzedwa kuti iyambire pomwepo. Koma ntchito itayamba mu 1903 madzi anali atatsikanso, zitsulo zimene za njanjiyo zinkalephera kufika ku Chiromo, ndiye anachita kuyambira kumusi ku Port Herald, dzina lakale la Nsanje. Sitima yapanjanji yoyamba kuchokera ku Port Herald inafika ku Blantyre mu 1908. Sipanapite nthawi, Port Herald nayenso anayamba kuvuta, ndipo pofika 1915 njanji inali italumikizidwa mpaka ku Chindio, m'mphepete mwa Zambezi. Kuyambira cha mu 1915 mpaka cha mu 1935 nyanja inatsika moti madzi analeka kutuluka, Shire wa kuno ankangodalira timitsinje ta m'mapiri ndi Ruo. Mu 1935 mlatho wa Dona Ana, wotalika makilomita oposa 3.5, unatsegulidwa pa Zambezi, ndipo katundu anayamba kuchoka ku Beira kukafika ku Blantyre osatsitsidwa paliponse.

Werengani nokha: Katunga, Chiromo, Port Herald, Chindio, kenaka doko n'kutheratu, zonsezi m'zaka zosakwana 60. Tauni iliyonse inadya nawo zaka khumi kapena makumi awiri, isanamange n'komwe nyumba zanjerwa zokwanira, mwayi n'kutsikira kumusi. Mwatchula Kinshasa. Kumenekonso kuli mathithi pakati pa Matadi ndi Kinshasa, ndipo anawalambalala ndi njanji mu 1898, koma doko lawo silinasamukepo, ndipo kumtunda kwa mathithiwo kuli mtsinje woyenda sitima makilomita oposa 1,500 mpaka ku Kisangani. Congo samayembekezera nyanja imodzi kuti imutsanulire madzi ngati Shire wathu.

Woyeza Madzi

Bambo a kwa Chibisa afotokoza za madzi ochepa. Ine ndiwonjezere za madzi ochuluka, chifukwa ndi amene akulamula kumene tauni ingakule lero.

Pansi pa chigwa pamagwa mvula yochepa, mamilimita 600 mpaka 800 pachaka, pamene mbali zina za Mulanje zimalandira oposa 2,000. Madzi amene amatigwetsera nyumba nthawi zambiri si a mvula yathu. Ndipo si amtundu umodzi. Anthu timangoti "kwasefukira", koma pali madzi atatu osiyana, ndipo malo opulumuka kwa ena amamira ndi ena.

Oyamba ndi a mitsinje yotsika m'mapiri: Mwanza, Mkombedzi wa Fodya, Lalanje, Nyamadzere kumbali ya kumadzulo, ndi Mwamphanzi, Nkhate, Livunzu, Thangadzi ku East Bank, tsidya la kum'mawa kwa Shire. Iyi m'chilimwe yambiri imakhala mchenga wokhawokha, ana n'kumaseweramo mpira. Mvula ikagwa kumtunda madzi amafika m'maola ochepa, nthawi zambiri usiku, kuno kusanadonthe n'komwe. Chimene chimachitika ndi ichi: mtsinje ukamatsika phiri umathamanga ndipo umanyamula mchenga ndi miyala. Ukangofika pachidikha liwiro limatha, katundu yense uja umamutula pomwepo. Chaka ndi chaka pansi pa mtsinje pamakwera, mpaka mtsinjewo umayenda pamwamba kuposa minda ndi midzi ya m'mbali mwake. Tsiku lina umaboola gombe n'kutenga njira yatsopano. N'chifukwa chake mumaona mlatho umene kale galimoto ikanadutsa pansi pake, lero mbuzi imachita kuwerama. Kudula mitengo kumapiri a Mwanza, Neno ndi Thyolo kwawonjezera mchengawo.

Achiwiri ndi a Ruo, ndipo awa ndiwo anapha Chiromo. Ruo amachokera ku Mulanje, ndi wamfupi komanso wotsetsereka, ndiye akadzaza amafika pa Chiromo ndi mphamvu yoposa ya Shire. Amamutchinga Shire ngati chitseko, madzi n'kuyamba kubwerera chakumtunda kulowa m'dambo la Elephant Marsh. Pakati pa Bangula ndi Chiromo chigwa chimapanikizika, ndipo mchenga wa Ruo ndi umene wakhala ukutseka khosi limenelo kwa zaka zosawerengeka. Dambo lonse lija la mahekitala oposa 60,000, limene linalowa m'ndandanda wa Ramsar wa madambo ofunika padziko lonse mu 2017, lilipo chifukwa cha chotsekera chimenechi. Tsono pakhosi pomwepo ndi pamene anadutsitsa njanji, pa mlatho ndi pa chimulu chachitali cha dothi. Mu 1948 mlatho wa Chiromo unakokoloka, anamanga wina. Mu 1997 madzi anadula chimulucho pa Mtayamoyo, ndipo kuchokera pamenepo sitima za ku Limbe zinkathera pa Makhanga, anthu n'kumawoloka pabwato. Mu January 2015 Ruo anasiya njira yake cha ku Makhanga n'kudzitsegulira ina, kudula njanji ndi msewu. Anamondwe Idai mu 2019, Ana mu 2022 ndi Freddy mu 2023 anapeza bala lili kale lotseguka. Mathiriro amene anapatsa Chiromo madzi oyandamitsa sitima ndi omwewonso anamumeza, ndipo msika unawolokera ku Bangula, kumene kuli kokwererako komanso kuli msewu wa M1.

Achitatu ndi a Shire mwini, nyanja ikakwera zaka zingapo zotsatizana. Awa sabwera ndi phokoso. Amakwera pang'onopang'ono, koma akalowa m'dimba amakhalamo miyezi. Baraji ya ku Liwonde, chotchingira madzi cha zipata chimene chinamangidwa mu 1965, imathandiza kusunga madzi a magetsi, koma nyanja ikadzadza kwambiri alibe kochitira, amatsegula. Ndipo musaiwale kuti Ruo ndi mitsinje yonse ndatchulayi imalowa kumusi kwa barajiyo, palibe chipata choiletsa.

Mukayika zitatuzi pamodzi muona kuti malo abwino m'chigwa muno ndi kamzere kopyapyala: kokwera moti Shire sakufikako, koma kotalikirana ndi pakamwa pa mitsinje ya m'mapiri. Msewu wa M1 unatsata kamzere komweko, ndipo matauni onse amoyo ali pamenepo ngati mikanda pa ulusi: Dyeratu, Nchalo, Ngabu, Sorgin, Bangula, Tengani, Nsanje.

Maboma awiri a Chikwawa ndi Nsanje aliyense ali ndi vuto lake. Chikwawa boma anamangidwa pamwamba pa chiphompho, madzi safikapo, koma ali kunja kwa khota la mtsinje. Pakhota madzi amathamangira kunja n'kumadya gombe chapansi, dothi lapamwamba n'kumagumuka, pamene mkati mwa khota amatula mchenga. Ndiye boma likudyedwa chammbali, ndipo malonda anatsatira msewu ndi mlatho wa Kamuzu kupita ku Dyeratu. Nsanje wapanikizika pakati pa mapiri a kumadzulo ndi mtsinje, kumusi kuli dambo la Ndindi, choncho amangotalika osanenepa. Chinanso chimene anthu saganizira: tsidya la Shire pa Nsanje ndi Mozambique. Tauni ya pamtsinje imadya mbali zonse ziwiri, koma Nsanje theka la dera lomuzungulira lili m'dziko lina, ndi ndalama zina ndi malamulo ena.

Mayi a ku Makande

Abambo inu mwalankhula bwino, koma mwauona mtsinje ndi maso a sitima ndi a mlatho. Kwa Amang'anja ndi Asena Shire ndi munda. Kuyambira kalekale, nthawi ya a Lundu ndi kachisi wa Mbona ku Khulubvi, banja la kuno limakhala ndi minda iwiri. Wa kumphala umadalira mvula, mumadzala mapira, mchewere ndi thonje, chifukwa chimanga chimapserera mvula ikadula mu January kapena February. Wa kudimba umadalira chinyezi chimene madzi amasiya akamaphwa. Kuyambira April mpaka June anthu amatsatira madziwo m'mbuyo, kudzala chimanga, mbatata, nyemba ndi maungu pa matope atsopano opanda feteleza, n'kukolola pamene kumtunda kuli gwa. Onjezani makakana ndi mlamba za m'dambo, ndi nyika chaka cha njala. Moyo wotere sufuna kuti anthu aunjikane malo amodzi, umafuna midzi yondandalikana m'mphepete mwa dambo, aliyense pafupi ndi dimba lake. Ichi n'chifukwa china chimene mzinda sunabadwire. N'chifukwa chakenso anthu akasamutsidwira kumtunda madzi atasefukira, ambiri amabwerera. Si kusamva ayi. Mwawapatsa pogona koma munda mwausiya makilomita khumi kumusi.

Ndikonzeko pang'ono pa zaka zija nyanja inatsika. Kwa sitima zinali zoipa, koma kwa alimi a Port Herald zinali zaka zabwino, chifukwa madambo anauma n'kusanduka minda ya thonje. Shire atabwerera chakumapeto kwa zaka za m'ma 1930 mindayo inamira, dambo la Ndindi linakula, amuna ambiri n'kupita kukafuna ntchito kunja. Thonje linakhazikika kumtunda, pa dothi lakuda la makande cha ku Ngabu, ndipo Ngabu anakula ndi thonje, ng'ombe ndi maofesi a zaulimi, ngakhale ali kutali ndi mtsinje.

Tauni imene nthaka inaikonda kwenikweni ndi Nchalo. Pamenepo chigwa n'chotambalala, chosalala ngati mphasa, dothi lakuya, dzuwa lokwanira, mtsinje uli pafupi woti mapampu akoke madzi. Kampani ya shuga ya Sucoma inayamba kudzala nzimbe pakati pa zaka za m'ma 1960, Illovo n'kutenga mu 1997. Malipiro a mwezi ndi mwezi ndi amene anabweretsa mabanki, masitolo ndi malo ogona, zimene doko silinasiye kwina kulikonse. Koma kusalala komweko kumamulanga. Madzi akalowa alibe kothawira, ndipo malo abwino ambiri ali pansi pa nzimbe, ndiye tauni imangofinyikira m'mbali mwa msewu.

Yang'aniraninso ngalande ya Shire Valley Transformation Programme. Ikutenga madzi pa Kapichira, pamene mtsinje ukadali pamwamba, kuti aziyenda okha opanda pampu kulowera cha ku Bangula, ndipo cholinga chake ndi kuthirira mahekitala pafupifupi 43,000. Ngalandeyo ikudutsa kumtunda, chakumadzulo kwa msewu. Ikadzatha, malo a kumphala amene anthu ankawanyoza ndi amene adzakwere mtengo, chifukwa kwa nthawi yoyamba munthu adzakhala ndi madzi a ulimi popanda kugona m'njira ya chigumula. Ndati ikadzatha, chifukwa namondwe Ana anaononga poyambira pake mu January 2022, tsiku lomwe anagumulanso damu la Kapichira n'kuchotsa mamegawati pafupifupi 130 m'dziko.

Mwana wa ku Bangula

Takhuta nonse, mwanditsegula m'maso. Nanga doko la Nsanje lija? Masiku ano pali baraji, Shire saphwanso ngati kale. Kodi silikanabweza zimene Port Herald anataya?

Woyeza Madzi

Konkire wa doko ndiye gawo losavuta, achimwene. Linatsegulidwa mu October 2010 ndi Bingu wa Mutharika, a Robert Mugabe ndi a Rupiah Banda alipo, koma ngalawa imene inkayembekezeka inatsekerezedwa ku Mozambique, kumene boma linkafuna kuti payambe pachitika kafukufuku wa njirayo. Apo pali kale phunziro la malo: ulendo wochokera ku Nsanje kukafika ku Chinde, pamene Zambezi amathira m'nyanja yamchere, pafupifupi wonse uli m'dziko la eni.

Tisiye ndale, tione madzi. Ngalawa yonyamula katundu wolemera imafuna njira yakuya mofanana chaka chonse, ndipo malo amodzi osaya amalamula ulendo wonse. Shire wa kumusi ndi Zambezi ndi mitsinje yamchenga, milu ya mchenga imasuntha dzinja lililonse. Mukakumba chaka chino, Ruo akadzaza kamodzi wakwirira, ndiye kukumbako si ntchito ya kamodzi koma ya chaka ndi chaka, ndipo wina ayenera kulipira. Pali namasupuni ndi zisumbu za udzu zoyandama zimene zimatseka njira ndi kukola makina. Makhota ndi ambiri komanso akuthwa, ngalawa zazitali zolumikiza sizikhota bwino. Mukafika ku Chinde, pakamwa pa mtsinje mpopanda kuya kokwanira sitima zikuluzikulu za panyanja, ndiye katundu ayenera kusinthidwanso kupita ku Beira kapena doko lina. Nthawi ya atsamunda zinkathekera chifukwa sitima zake zinali zazing'ono, zosalowa kwambiri m'madzi, ndipo panalibe njira ina yopikisana nazo.

Kwa ine chimene chingasinthe matauni a kumusi ndi njanji ya ku Beira, imene inaima m'zaka za m'ma 1980 chifukwa cha nkhondo ya ku Mozambique. Gawo la Marka mpaka Bangula, makilomita 72, ndi limene boma linayamba kukonzanso. Tsono kumbukirani lamulo la a kwa Chibisa lija, loti tauni imabadwa pamene katundu akusintha chokwera. Malinga ngati pa Mtayamoyo ndi pa Ruo sipanalumikizidwe, sitima idzathera kumbali ino, katundu n'kukwera malole. Malo amenewo adzaona madepoti, malo ogona madalaivala ndi ganyu yotsitsa. Koma tsiku limene mlatho udzamangidwe n'kulumikiza Limbe, sitima idzangodutsa ikuliza, monga zinachitikira mu 1935. Amene akugula malo chifukwa cha njanji aziwerengera zimenezo.

Mmisiri wa pa Dyeratu

Funso la puloti lija lisatsale. Musagule malo m'chigwa muno mu September kapena October, pamene paliponse pamaoneka pouma. Kaoneni mu February mvula itagwa masiku awiri, ndipo pitani wapansi.

Yambani mwaona kumene kuli manda akale ndi milambe ikuluikulu. Makolo sankaika maliro pamalo omira, ndipo mlambe sukonda kuima m'madzi nthawi yaitali. Pamene pali bango ndi nsenjere, madzi ali pafupi. Yang'anani makoma a nyumba zoyandikana, madzi amasiya mzere wa matope umene penti sabisa bwino, ndipo funsani agogo a pamudzipo, osati wogulitsa, kuti a 2015 ndi a Freddy anafika pati. Kenaka kumbani dzenje lakuya mita imodzi. Mukapeza mizere yosinthana, mchenga, matope, mchenga, matope, dziwani kuti mzere uliwonse ndi chigumula chimodzi. Mukapeza miyala yobulungira yosalala, mwaima pamene mtsinje unkadutsa kale, ndipo mtsinje suiwala njira yake. Ngati pafupi pali mtsinje wamchenga, imani m'kati mwake n'kuyang'ana pulotiyo. Mukamaiona chotsika, thawani, ngakhale atakuuzani kuti pali dayiki, chimulu chotchinga madzi. Dayiki ya mchenga wongounjika, yosatsenderedwa ndi yopanda miyala kumaso, imaboka pamene mbewa kapena chiswe zakumba, ndipo madzi oboola dayiki amagunda mwamphamvu kuposa ongosefukira.

China chimene chimapusitsa ambiri ndi msewu. M1 anaukweza, ndiye umagwira ntchito ngati damu. Makalavati akatsekeka ndi mchenga ndi zinyalala, mbali imene madzi akuchokera imasanduka dziwe, pamene mbali inayo nyumba yoyang'anizana ndi kalavati imalandira madzi onse pakhomo. Puloti ya m'mphepete mwa msewu ndi yabwino pa malonda, koma onani kaye kalavati ali pati.

Pa makande vuto si kusefukira kokha. Dothi limeneli likanyowa limafufuma, likauma limang'ambika ming'alu yolowa dzanja, ndipo nyumba imakwera ndi kutsika nalo mpaka khoma kung'aluka kuchokera pakona ya windo. Maziko a masentimita 45 amene amakwanira ku Blantyre kuno n'kutaya simenti. Kumbani mita imodzi kapena kupitirirako, mulifupi masentimita 60. Pansi thirani mchenga wa kumtsinje masentimita 15 n'kutsendera, kenaka konkire. Njerwa za m'maziko zimangidwe ndi simenti, muyezo umodzi wa simenti pa inayi ya mchenga, osati ndi dothi. Nyumba zambiri zimene zimagwa madzi akafika m'mawondo zimakhala za njerwa zootcha ndithu, koma zomangira matope, ndipo matopewo akanyowa tsiku limodzi amasungunuka khoma n'kukhala pansi. Mangani bimu ya zitsulo zinayi za mamilimita 12 pamwamba pa maziko, ina pamwamba pa mawindo, kuti nyumba iziyenda ngati chinthu chimodzi. Pansi pa nyumba pakwere masentimita 60 kuchokera padothi, kapena masentimita 30 pamwamba pa mzere wa madzi amene anakwera kwambiri, mutenge chimene chili chachikulu. Dothi lakuda la m'kati mwa zipinda lichotsedwe, mudzazemo mchenga kapena dothi lofiira mochita kutsendera pang'onopang'ono. Musaiwale pepala lapulasitiki pansi pa khoma, chifukwa chinyezi cha kuno chimakwera ndi mchere umene umafumbutsa pulasitala. Kunja zungulizani khonde la simenti la mita imodzi lotsetserekera kunja, ndipo mitengo ikhale mamita asanu kapena kuposa kuchokera pakhoma, mizu yake imamwa madzi mbali imodzi n'kupendeketsa maziko.

Chimbudzi nachonso chimagwa msanga kuposa nyumba. Pamchenga kumbani dzenje lozungulira, osati la makona, mulimange ndi njerwa kuyambira pansi, ndipo pakamwa pake pakwere ngati nyumba yomwe.

Pomaliza lawani madzi a mjigo woyandikana nawo musanapereke ndalama. Madera ambiri a Chikwawa ndi Nsanje madzi apansi ndi amchere, ndipo zimatheka mjigo uwu kukhala wabwino, wina wa pamtunda wa mamita mazana ochepa n'kukhala wosamweka, woti ngakhale sopo sachita thovu. Kukumba mozama sikuti kumathetsa vutoli, malo ena mcherewo umawonjezeka mukamatsika. Madzi okoma amapezeka kawirikawiri pafupi ndi mitsinje yamchenga ija, komwe ndakuuzani kuti musamangeko, ndiye ngati pulotiyo ili patali ndi paipi ya Water Board, werengeranitu mtengo wokokera paipi kapena wogula madzi pa njinga tsiku ndi tsiku, muuphatikize pa mtengo wa malowo.